Malo a Apongozi

Bambo awo anali okonza mawotchi, munthu amene anakalamba atawerama, diso lili pa tizitsulo tosaoneka n'komwe. Mayi awo anali telala, nawonso maso pansi, pa singano. Ndiye tandiuzani inu, anthu awiri oyang'ana pansi chonchi anabereka bwanji mwana woyang'ana kumwamba? Ine ndafufuza zaka makumi atatu, yankho sindinalipeze.

Ana a woyang'ana kumwambayo ndi awiri, ndipo onsewo ndi adzukulu anga, musaiwale zimenezo. Wamkulu ndi wamkazi, timamutchula Levulo, chifukwa chake ndifikapo. Wamng'ono ndi wamwamuna, amaphunzitsa masamu, ndipo mutu umenewo anatengera kwathu kuno. Mayi wa anawa ndi mwana wanga woyamba. Choncho amene ndikuwanenawa anali akamwini anga, ndipo ndili ndi ufulu wowanena mmene ndingafunire. Wina akayerekeza kuwanena, tionana.

Dzina lawo lenileni lilipo, koma mukalitchula m'tauni muno palibe angakulozereni nyumba. Nenani kuti a Chagada, ngakhale wogulitsa nyuzipepala akuperekezani mpaka pakhomo. Anthu anawapatsa dzinali chifukwa akalowa m'nyumba iliyonse, asanaone ndi mwini nyumba yemwe, khosi linali litapinda kale, chibwano m'mwamba, ngati nkhuku yomwe yangomwa madzi. M'sitolo chimodzimodzi. M'tchalitchi chimodzimodzi, moti alendo ankawayesa munthu wopemphera kwambiri. Koma iwo sankafuna angelo ayi. Ankafuna kuona kumene mawaya adutsa.

Tsiku limene mwana wanga anabwera nawo kunyumba kuti ndiwaone, ndinali nditakolopa mpaka pansi n'kumawala. Iwo pansipo sanapaone. Moni anapereka kudenga. Abale anga anali atakhala pamenepo, onse akundiyang'ana ine kuti ndiyambe.

"Mumagwira ntchito yanji, bambo?"

"Ndine wa mathireyi, mayi."

Ine thireyi ndimaidziwa ya mitundu iwiri, ya mazira ndi ya tiyi. Sukulu ndinapitako, palibe angandinamize.

"A mazira?"

"Ayi, mayi. A m'mahotela, m'mabanki, m'mafakitale. Kuhotela yatsopano ija ndamalizako mazana awiri mwezi wathawu."

"Mazana awiri! Nokha?"

"Tilipo awiri. Mnzanga amagwira uko, ine kuno."

"Thireyi imodzi anthu awiri?"

"Ndi yaitali, mayi. Mamita atatu."

"Nanga pamenepo pamakhala makapu angati?"

Apa m'pamene anatsitsa khosi koyamba n'kundiyang'ana. "Makapu?"

"Chabwino, mukanyamula mumakaiika pati?"

"Kudenga."

"Ndiye anthuwo tiyi amamwera kudenga?"

Mchemwali wanga anathawira kukhitchini atagwira pakamwa. Mnyamatayo anayamba kufotokoza, manja ali m'mwamba, kuti thireyi yawo si ya tiyi, ndi msewu wa mawaya a magetsi. Ndinati mawaya anamera liti miyendo kuti afune msewu? Ndinafunsa kuti ndikapita kuhotelako ndikaiona? Anati ayi, amaitseka ndi siling'i, mabolodi a kudenga aja. Kubanki? Anatsekanso. Nanga kuli kumene munthu angaione? Anati kufakitale, koma ili pamwamba kwambiri, mpaka kukwera.

Pamenepo ndinalankhula mawu amene ndikulembera nkhani yonseyi. Ndinawalankhula mokweza, abale onse akumva, mwana wanga akulira.

"Ntchito imene anthu saiona si ntchito. Inu bambo ndinu wabodza, ndipo mwabwera kudzandibera mwana ndi bodza losakonza n'komwe."

Sanakwiye. Anangopukuta manja pa thalauza n'kunena kuti, "Mayi, tsiku lina mudzakwere, mudzaone ndi maso anu. Makwerero ndidzakugwirirani ndine. Mukadzaona, mudzangonena mawu amodzi okha."

"Ati?"

"Pepani."

"Mudzadikira," ndinatero.

"Ndimadziwa kudikira, mayi."

Mwana wanga ndi wamakani, sindikudziwa anatengera ndani. Ukwati unachitika. Zithunzi zake zilipo khumi ndi ziwiri, ndipo m'zonsezo mkwati muona chibwano ndi mphuno basi. Abusa atanena kuti, "Yang'anani mkazi wanu m'maso," iwo anayang'anadi, koma atangomaliza kulumbira anawanong'oneza abusawo kuti, "Mawaya awa anakuyalirani ndani? Musamamuitanenso."

Pobadwa Levulo ndinalipo. Tinali m'khonde la chipatala, ine ndi iwo, namwino akutuluka ndi khanda.

"Bambo, ndi wamkazi."

"Wapendekeka."

"Ndani wapendekeka?" Ndinali nditavula kale nsapato imodzi kuti ndiwagende nayo. Mdzukulu wanga woyamba!

"Mzere uwo, mayi, wa thireyi. Taonani pamene bolodi lachoka apo. Watsika mbali imodzi."

Ine sindinayang'ane. Ndinadziwa kuti ndi msampha. Kenako anamulandira mwanayo n'kulira misozi mpaka namwino anawabweretsera mpando. Zimenezo ndiyenera kuwanenera, ana awo ankawakonda.

Kubanki anawagwirapo kawiri. Munthu waima pamzere, sakusuntha, akuwerenga zinthu kudenga milomo ikugwedezeka, alonda aganiza chiyani? Kachiwiriko anachita kubwera bwana wa nthambi kudzawamasula, ndipo m'malo mothokoza anamuuza kuti bolodi lachitatu kuchokera pakhomo lanyowa, aitane wa mipope madzi asanagwere pa ntchito yawo.

Pofika nthawi imeneyo ndinali nditamva ndithu kuti thireyi yawoyo n'chiyani. Mwana wanga anandijambulira m'kope. Ndi chitsulo chachitali chonga ngalande, pansi pake chobooledwabooledwa. Amachipachika kudenga ndi ndodo zachitsulo, china kulumikiza ku chinzake, kuyambira pamene magetsi alowera m'nyumba mpaka pa makina omaliza. Mawaya onse amagona mmenemo, m'malo molendewera ngati matumbo. Ndinamva, ndipo mumtima ndinayamba kudabwa kuti kodi chimaoneka bwanji chinthu chimenechi chikatalika kudutsa fakitale yonse. Koma kumva si kuona. Pangano lathu linali la maso, ndipo maso anga ndinawasunga pansi.

Vuto la a Chagada linali loti ntchito sankaisiya kuntchito. Ankati waya sakhota mokwiya, ukamupinda mwadzidzidzi amathyoka mkati koma kunja akuoneka bwinobwino. Ndiye iwonso sankakhota mokwiya. Kuyenda nawo mumsewu, pa kona ankazungulira patali ngati basi. Kudzudzula mwana ankayambira kutali: za mvula, za mtengo wa utoto, za agogo awo okonza mawotchi, ndipo pofika pa galasi la windo limene laswekalo mwanayo anali atavomera kale ndi zina zomwe sanafunsidwe.

Ankatinso mawaya alipo a mitundu iwiri. Ena ndi amphamvu, oyendetsa makina. Ena ndi a matelefoni ndi makompyuta, amene iwo ankawatchula amiseche, poti ntchito yawo n'kutenga mawu uku kupititsa uko. Awiriwa sagona pamodzi, amasokonezana. Tsiku lina pa phwando la kubadwa kwa mwana ndinaona kuti mpando wanga auika kumapeto kuno, wa mayi awo a Chagada kumapeto uko, pakati pali kabati.

"Bambo a Levulo, kabati iyi yabwera liti pakati pa balaza?"

"Ndi chotchinga, mayi."

"Ndiye wamiseche ndani pa awirife?"

"Inu ndinu wamphamvu, mayi," anatero mofulumira.

Ndinakhala pansi wokhutira. Patapita chaka m'pamene ndinamva kuti nawonso mayi awo anauzidwa zomwezo.

Koma chimene chinkatidabwitsa tonse ndi kusiya malo. Munthu uja sankadzaza chinthu. Pa magawo atatu, limodzi ankalisiya lopanda kanthu. Shelefu ya mabuku, mbali imodzi mphepo. Sutikesi ya ulendo, zovala kukhuthukira uku ndi uku. Tiyi akakuthirirani, mumachita kusuzumira m'kapu. Pa benchi ya m'tchalitchi ankakhazika banja lonse mothinana mbali imodzi, kwinaku kuli gwaa.

"Malo amenewa ndi a yani?" ndinawafunsa.

"A waya wamawa, mayi."

"Ameneyo ndi m'bale wanu?"

"Nyumba imakula, mayi. Lero mwini fakitale akuti makina asanu, mawa agula ena atatu. Waya wamawa amabwera ndithu, kungoti sanena tsiku. Chakudza sichiimba ng'oma. Ukadzaza thireyi lero, mawa udzagwetsa denga."

"Ndiye tiyi wangayu akudikiranso waya?"

"Akudikira mkaka, mayi."

Pakamwa anali napo, ngakhale ankaoneka ofatsa.

Chaka chilichonse ankandiitana. Akamaliza nyumba yaikulu ankabwera atasamba, n'kukhala pakhonde panga, maso ali pa malata.

"Mayi, Lachisanu atseka siling'i. Mukadabwera mawa."

"Mawa ndili ndi zochapa."

"Mkuja?"

"Zidzakhala zisanaume."

Kamodzi kokha ndinafika pafupi. Anaiwala magalasi awo kwathu, ndipo popanda magalasi sankaona kadontho ka mu levulo, kachipangizo kamene kamawauza ngati chinthu chawongoka. Ndinati ndiwapititsire, poti ana a mwana wanga amadya za maso amenewo. Kunali kunyumba yaikulu yosungiramo katundu, isanathe. Pageti anandiveka chipewa cholimba pamwamba pa mpango wanga. Mkatimo munali fumbi, phokoso la zoboolera, ndi kapitawo wamimba ataima pansi pa nsanja akukalipa.

"A Chagada! Mawaya asanu ndi awiri okha, thireyi yotakata ngati bedi ya chiyani? Yochepa ija inalakwa chiyani?"

Mawu anachokera kumwamba. "Malo otsalawo ali ndi mwini wake."

"Mwini wake ndani?"

"Akubwera."

"Zaka zonsezi mumangoti akubwera, akubwera. Ali kuti?"

Nthawi yomweyo ine ndinatulukira kuseri kwa chipilala, magalasi ali m'manja. Mnzawo wa a Chagada, bambo wina wamfupi wa imvi amene aliyense ankangomuti a Mfupi, anandiona ali pansanja, n'kugwetsa sipanala.

"Afika!" anakuwa.

Nyumba yonse inaphulika. Amagetsi, owotcherera, wa mipope, ndi kapitawo yemwe, kuseka mpaka kugwira zipilala. Ine ndinayesa akuseka chipewa. Ndinawayang'ana mmodzimmodzi mpaka onse anapeza chochita.

A Chagada anatsika, nkhope ili ngati ya mwana wogwidwa ndi shuga m'kamwa. Analandira magalasi, kenako anakoka makwerero n'kuwagwira ndi manja awiri.

"Masitepe khumi ndi awiri okha, mayi."

Ndinaponda loyamba. Ndikunena zoona, ndinaponda. Pamwamba pa mutu wanga ndinkamva kuti pali chinthu chachitali chonyezimira, ndipo khosi langa linkafuna lokha kupinda. Phokoso lonse linali litasiya. Ndinaganiza za mchemwali wanga, ndi abale onse amene anandimva tsiku lija. Ndinatsitsa phazi.

"Nsapato zanga n'zoterera."

"Chabwino, mayi. Tsiku lina."

Sindinkaopa kugwa ine. Ndinkaopa kukapeza kuti n'zokongola.

Za Levulo tsopano. Mwana ameneyu ali ndi zaka zinayi anaba levulo ya bambo ake n'kumagona nayo ngati chidole. Ankaiika pa chilichonse: patebulo, pamsana pa galu, pamutu panga ndikamasoka. "Agogo, mwapendekeka." Sukulu anakhoza bwino zedi, ndipo ine ndinali nditauza kale mzere wonse wa nyumba zathu kuti mdzukulu wanga adzakhala dokotala. Iye anakalembetsa za magetsi. Ndinapita kwawo m'mawa, osagogoda.

"Munanditengera mwana, ndinakhala chete. Tsopano mwanditengera mdzukulu kuti azikalendewera kudenga ngati mleme?"

"Munakhala chete liti, mayi?" anafunsa mwana wanga ali kukhitchini.

"Iwe sindikulankhula nawe."

A Chagada anayambira kutali monga mwa masiku onse. Za mitengo ya mabuku, za msana wa bambo awo. Ndinawadula.

"Khotani msanga."

"Mayi, mwanayu ndinamukaniza katatu. Ali ngati waya wonenepa, sapindika. Sindikudziwa anatengera ndani."

Lero Levulo ali ndi anthu asanu ndi mmodzi amene amamumvera, amuna a ndevu zawo, ndipo akalowa pamalo ndi pulani m'khwapa makapitawo amaimirira. Ndimauza aliyense. Dokotala ali pa kona iliyonse, koma mkazi wa mathireyi ndi wathu yekha.

Munthu amene anakhala zaka zoposa makumi atatu pansanja, osagwako ngakhale kamodzi, anadzagwetsedwa ndi mtima wake womwe atakhala pampando. Anawagoneka m'chipatala chomwe chija. Ndinapita kukawaona masana, ndinawapeza ali chagada ndithu, mwa lamulo la dokotala tsopano. Anali atachepa, koma maso anali pantchito.

"Mayi, mzere uja wa m'khonde mpaka pano sanauwongole. Levulo wakula, wafika pokwatiwa, iwo udakali chipendekekere. Ndauona pondilowetsa."

"Gonani, inu."

"Mayi, simunakwerebe."

"Muchire kaye, mudzandigwirire makwerero. Wina sindingamukhulupirire."

Anatembenuza mutu pang'onopang'ono. "Ndiye kuti ine mumandikhulupirira?"

"Ndati makwerero basi. Musawonjezere."

Anaseka mpaka kutsokomola, namwino n'kundithamangitsa. Ndili pakhomo ndinamva akuti, "Malo alipobe, mayi." Ndinayesa akunena za mpando wa alendo. Patapita masiku awiri anatisiya.

Pamaliro panabwera anthu amene sindinawaonepo. Amuna a nsapato zolemera, manja okhakhala, ena ochokera m'matauni akutali. Ankapereka moni kwa mwana wanga, kwa adzukulu anga, koma akafika pa ine ankaima kaye.

"Pepani, mayi. Ndiye apongozi aja ndinu?"

Woyamba ndinangomuyankha. Wachiwiri, wachitatu. Wina anandigwira dzanja ndi manja awiri n'kunena kuti, "Malo anu timawasiya ndithu, mayi, musadandaule." Mayi wina wa magalasi, amene anati ndi injiniya, anandiuza kuti, "Ife masiku ano timachita kulemba ndi pa pulani pomwe." Ndipo onse, ngakhale maso ali ofiira, pakamwa pankafuna kuseka.

Ndinawakoka a Mfupi pambali. "Malo anga ati?"

"Mayi, ine ndinalumbira."

"Amene munamulumbirirayo wagona apo. Nenani."

"Funsani Levulo. Ine ndili ndi ana."

Milungu itatu nkhaniyi inandidya. Kodi munthu uja ankandinena m'tauni monse? Ankandinena zotani? Ndikathira tiyi, funso. Ndikatenga singano, funso. Mwana wanga ankati sakudziwa, koma ankanena akuyang'ana kumbali. Mapeto ake ndinamupanikiza Levulo pakhonde.

"Agogo, zimenezo sizifotokozeka pansi. Mukwere."

"Nawenso wayamba?"

"Ntchito yomaliza ya adadi ndaimaliza ine. Ndi fakitale yosindikiza mabuku. Mbali ya maofesi atseka siling'i Lolemba. Mukafuna kudziwa, ndi Loweruka. Apo ayi, muzingodabwa mpaka kalekale."

Loweruka ndinavala nsapato zosaterera.

Makwerero Levulo anakana. Anati pa msinkhu wanga akhoza kumangidwa. Anandilowetsa m'kansanja ka makina kokwera kokha, n'kundimanga lamba ngati katundu wa pa lole, chipewa chija pamutu. A Mfupi anali pansi atavula chawo, ngati ali m'tchalitchi. Kansanjako kananjenjemera, pansi panayamba kuchoka. Ndinatseka maso, n'kumutsina Levulo pamkono mpaka anakuwa.

"Tafika, agogo. Tsegulani."

Ndinatsegula.

Abale anga, kumwamba kuja kuli tauni ina. Misewu yasiliva, yowongoka ngati yojambula ndi rula, kuchoka pamene ndinaima mpaka kumene maso anga analephera. Ina pamwamba, ina pansi pake, osakhudzana. Pofika pa chipilala msewuwo sunathyoke, unazungulira mofatsa, ndendende mmene mwini wake ankakhotera pa kona. Mawaya anagona mmenemo ngati tsitsi lopesa bwino, lomangidwa ndi timalamba pa mipata yofanana. Amphamvu uku, amiseche uko, chotchinga pakati. Ndinaikumbuka kabati ija.

"Ndipatse levulo," ndinatero.

Ndinaiika ndekha. Kadontho kanakhala pakati penipeni, phee, ngati kalipira lendi. Ndinasuntha, ndinaikanso. Pakati. Ndinapititsa chala pamene chitsulo anachidula ndi sowo, ndikuyembekeza kuti chindicheka. Posalala ngati supuni.

"Ankapala ndi tupa paliponse pamene adula," anatero Levulo. "Kuti pasadzacheke waya."

"Kuno? Kumene kulibe amene adzaone?"

"Ankati waya amaona."

Kenako ndinaona mbali ija yopanda kanthu, gawo limodzi pa atatu, kuyenda ndi msewu wonse. Ndipo pansi pa thireyi, pakati pa mabowo, panali zilembo za utoto wakuda. Dzanja ndinalidziwa, lomwe lija linkalemba pa makadi a ana. Ndinavala magalasi.

MALO A APONGOZI.

Patsogolo pang'ono, zomwezo. Kutsogolo kwake, zomwezo. Mpaka pamene dzanja linasintha n'kukhala la Levulo, mawu ake omwewo.

"Zinayamba liti zimenezi?"

"Ndisanabadwe. Zili m'mabanki, m'mahotela, kumsika waukulu wa masitolo, kufakitale ya mabotolo. Aliyense amene anaphunzira kwa adadi amalemba. Ena sadziwa n'komwe kuti apongoziwo ndi munthu weniweni. Amayesa ndi dzina la m'buku."

"Ndiye tauni yonse ino, anthu akusunga ndalama, akugona, akugula nsapato, ine ndili pamwamba pawo?"

"Muli ponseponse, agogo."

"Ankati chiyani polemba? Usandikhotere ngati bambo ako."

Levulo anapukuta m'maso ndi kuseri kwa dzanja. "Ankati waya wamawa ali ngati apongozi anga. Amachedwa, ndi wolemera, sapindika msanga. Koma amabwera ndithu, ndipo akafika nyumba yonse imadalira iyeyo. Musiyireni malo."

"Wolemera? Sananene choncho. Ananena kuti wonenepa."

"Ananena kuti wonenepa."

Ndinaseka, ndipo kusekako kunasanduka china chimene sindilemba pano. Levulo anadikira. Kudikira anatengera kwa bambo ake.

"Agogo, mwakwera. Mwaona. Mawu aja?"

Pansi a Mfupi anali atapinda khosi, pakamwa pali yasa. Ndinayang'ana zilembo zija. Ndinatsegula pakamwa, ndipo mawuwo anafika pammero penipeni, ndinawamva kutentha kwake.

"Ndi yowongoka," ndinatero.

"Si amenewo, agogo."

"Ndikudziwa. Koma ndipepese chitsulo? Amene ndinapangana naye anali ndi makutu. Komanso anati makwerero adzandigwirira yekha. Wandigwirira? Ndakwera ndi makina ine. Nditsitse."

Masiku ano m'tauni muno aliyense amayenda atawerama, maso pa foni. Palibenso woima pakati pa sitolo n'kumawerenga kudenga, palibe wouza abusa za mawaya. Pa kona anthu amangothyoka. Kunyumba kwa mwana wanga kabati ija inabwerera kukhoma, poti mayi awo a Chagada aja nawonso anapita kalekale, ndipo tiyi amathira wodzaza mpaka kutayikira m'sosala. Ndimamwa, koma sakoma chimodzimodzi. Pa benchi ya m'tchalitchi timakhalabe mothinana mbali imodzi. Palibe anatiuza, ndipo palibe amene wayerekeza kusunthira kumene kuli gwaa kuja.

Mwezi watha kubanki mlonda anandigwira paphewa. "Agogo, mwataya chiyani kudengako?" Sindinadziwe n'komwe kuti khosi lapinda. Ndinamuuza kuti sindinataye kanthu, ndikungoona malo anga. Anandiperekeza pampando n'kundibweretsera madzi.

Mawu amodzi aja ndili nawo, sindinawataye. Iwonso ali ndi makwerero anga, ndi yankho la funso limodzi: pa mawaya onse a padziko, anasankhiranji wonenepa? Tikadzakumana ayambe ndi iwo, agwire ndi manja awiri ngati tsiku lija, ine ndidzanena zanga ndili pa sitepe la khumi ndi chiwiri, osati pansi. Mpaka lero palibe wapereka cha mnzake.

Lolemba lija anatseka siling'i. Malo aja ali mkati, opanda kanthu.